Malonda anu akukwera ndi zingati pa chaka?

Ntchito yanga ndi yowerengera anthu ndalama za bizinesi kuno ku Mchinji. Ambiri amene amabwera ndi makope awo, ena opindika m'makona chifukwa chokhalitsa m'thumba, amakhala ndi funso limodzi asanatenge ngongole kapena kuwonjezera mpamba: kodi malonda anga akukula motani? Yankho limakhala lili kale m'kopemo.

Tiyerekeze kuti mayi wina amagula mtedza kwa alimi pa Kamwendo n'kumaugulitsa. M'kope lake analemba kuti mu 2020 anagulitsa matumba 120, mu 2021 matumba 150, mu 2022 matumba 190, mu 2023 matumba 210, ndipo mu 2024 matumba 160.

Tengani matumba a chaka chomaliza, muchotsepo a chaka choyamba. Pa 160 tikachotsapo 120 patsala 40. Matumba 40 amenewa muwagawe ndi zaka zimene zadutsa.

Apa ndi pamene ambiri amaphonya. Amawerenga mizere ya m'kope, n'kupeza isanu, n'kugawa ndi 5. Tambasulani dzanja lanu. Zala ndi zisanu, koma mipata ya pakati pake ndi inayi. Malonda amasinthira mu mpata, kuchoka chaka china kufika chotsatira, choncho kuyambira 2020 mpaka 2024 asintha kanayi. Njira yosasokoneza ndi kuchotseranso zaka zomwezo: pa 2024 kuchotsapo 2020 ndi 4. Tikagawa 40 ndi 4 tikupeza 10. Pa avereji, malonda a mayiyu akhala akukwera ndi matumba 10 pa chaka. Yankho likakhala lakuti chaka chomaliza n'chochepa kuposa choyamba, mawerengedwe ndi omwewo, kungoti malonda akutsika.

Koma 10 ameneyu musamukhulupirire mopitirira. Palibe chaka ngakhale chimodzi chimene mayiyu anawonjezera matumba 10. Anakwera ndi 30, kenako 40, kenako 20, n'kugwa ndi 50. Akanabwera kwa ine kumapeto kwa 2023, ndikanachotsa 120 pa 210, n'kugawa 90 ndi 3, n'kumuuza kuti akukwera ndi matumba 30 pa chaka. Bizinesi ndi yomweyo, kope ndi lomwelo. Avereji imangoyang'ana poyambira ndi pothera, za pakati sizikuikhudza. N'chifukwa chake ine sindimutulutsa munthu mu ofesi ndi nambala yokha. Ndimaloza chaka chimene chagwacho n'kufunsa kuti kunachitika chiyani. Tonse tikukumbukira ng'amba ya El Niño mu 2024, pamene boma linalengeza kuti maboma 23 mwa 28 ali pa ngozi. Ngati kugwako kunabwera chifukwa alimi sanakolole, imeneyo ndi nkhani ina. Ngati makasitomala anathawira kwa wina wa sikelo yabwino, ngongole siingachize vutolo.

Chimene chimandidetsa nkhawa kwambiri ndi kuwerengera m'makwacha mokha. Mu Meyi 2022 Reserve Bank of Malawi inatsitsa mphamvu ya kwacha ndi 25 peresenti, ndipo mu Novembala 2023 inatsitsanso ndi 44 peresenti. Katundu anakwera mtengo paliponse. Munthu angathe kuona ndalama zochuluka m'kope chaka ndi chaka n'kumasangalala, chikhalirecho matumba otuluka m'shopu akuchepa. Ndaonapo bambo wina atakhala chete kwa kanthawi, chala chili pa tsamba, titawerenga katundu m'malo mwa ndalama.

Choncho pa tsamba lililonse jambulani mizere iwiri. Wina mulembemo ndalama, winawo matumba, mabelo kapena makilogalamu amene mwagulitsa. Chaka chanu chiziyamba mwezi umodzimodzi nthawi zonse, kuti musafanizire nyengo yokolola ya chaka chino ndi miyezi ya njala ya chaka chatha.