Chiboliboli chinagwa pamaso pa makamera, gulu lankhondo linathetsedwa pa pepala

Pa 9 Epulo 2003, anthu ambiri padziko anaonera pa kanema chiboliboli cha Saddam Hussein, mtsogoleri wa Iraq panthawiyo, chikugwetsedwa pabwalo la Firdos mumzinda wa Baghdad, asilikali a Amerika atalowa mumzindawo. Bwalolo layang'anizana ndi Palestine Hotel, komwe kunkagona atolankhani akunja, choncho makamera sanavutike kufunafuna chithunzi. Ndipo chimene chinakoka chibolibolicho mpaka kugwa ndi galimoto yankhondo ya Amerika.

Ife olemba nkhani timakopeka ndi zooneka ndi maso: utsi, akasinja, chikhamu cha anthu. Koma boma likagwa, mkangano woti alamulire ndani umayambira m'maofesi. Mu Meyi 2003, Paul Bremer, amene Amerika inamuika kuti aziyendetsa Iraq, anasaina malamulo awiri. Loyamba linachotsa pantchito akuluakulu a chipani cha Saddam cha Baath, ndipo linakokera limodzi aphunzitsi ambiri amene analowa chipanicho pofuna kuteteza ntchito zawo. Lachiwiri linathetsa gulu lonse lankhondo la Iraq. Amuna miyandamiyanda odziwa mfuti anabwerera kwawo opanda ntchito. Munthu akusaina pepala sakoma pa kanema, n'chifukwa chake nkhanizi sizinakhalitse pamitu.

Makamera anabwereranso mabomba atayamba. Pa 19 Ogasiti chaka chomwecho, bomba linapha anthu 22 pa likulu la United Nations ku Baghdad, mmodzi mwa iwo Sergio Vieira de Mello, nthumwi yaikulu ya bungweli ku Iraq. Mu Febuluwale 2006 kachisi wa Asilamu achi Shia ku Samarra anaphulitsidwa, kuphana kwa magulu achi Shia ndi achi Sunni n'kufika poipa. Woonera anangomva kuti magulu awiriwa amadana kuyambira kale. Kufotokoza kotereku n'kwaulesi, chifukwa kumabisa nkhani ya maudindo, malipiro ndi chuma cha mafuta.

Zinthu zitavuta, atolankhani akunja ambiri ankakhala m'nyumba zotetezedwa ndi alonda kapena kuyenda ndi asilikali a Amerika, n'kumaona nkhondo kuchokera m'galimoto zawo. Ndikamawerenga nkhani yotere, ndimayamba ndafunsa kuti wolembayo anaima pati, nanga mawu akuti "zigawenga" anawatenga kwa ndani. Amene ankayenda m'misewu kutola nkhani anali atolankhani, otanthauzira ndi madalaivala a ku Iraq komweko. Ambiri mwa atolankhani amene anaphedwa pankhondoyi anali iwowa, ndipo ena ankapempha okha kuti mayina awo asalembedwe pamwamba pa nkhani poopa kusakidwa.