Lamba wa Tayimingi: Ntchito Yonse Yagona pa Zizindikiro

Eni magalimoto ambiri amamudziwa lamba amene amaoneka munthu akangotsegula boneti, uja timamutcha fani belt, amene amazunguza alternator ndi zipangizo zina za kunja kwa injini. Koma pali lamba wina wobisika kuseri kwa chivundikiro cha pulasitiki, wokhala ndi mano m'kati mwake, amene amakaniko timamutcha timing belt kapena lamba wa tayimingi. Fani belt akaduka, nyali ya batire imayaka ndipo mumakhala ndi mpata wopatukira pambali pa msewu. Lamba wa tayimingi akaduka, injini imazima pomwepo, ndipo pa injini zambiri kuwonongeka kumakhala kutachitika kale dalaivala asanaponde n'komwe buleki.

Kuti timvetse chifukwa chake, tiyenera kuyamba ndi ntchito ya lambayu. Pansi pa injini pali crankshaft, chitsulo chimene mapisitoni amachizunguza akamakwera ndi kutsika. Pamwamba, m'hedi, muli camshaft, imene imatsegula mavalavu olowetsa mpweya ndi otulutsa utsi. Pisitoni iliyonse imayenda maulendo anayi kuti ntchito yake ithe: imatsika kukoka mpweya, imakwera kuupanikiza, imatsikanso mokankhidwa ndi moto, kenako imakwera kukankha utsi. Maulendo anayiwa amafuna kuti crankshaft izungulire kawiri, pamene valavu iliyonse iyenera kutseguka kamodzi kokha, ndipo n'chifukwa chake mano a pule (gudumu limene lamba amayendapo) ya camshaft amachuluka kawiri kuposa a pule ya crankshaft. Lamba amalumikiza mapule awiriwa, ndipo mano ake ndiwo amaonetsetsa kuti mgwirizanowu usasinthe ngakhale injini izungulire kambirimbiri pa mphindi imodzi.

Pa injini zambiri za masiku ano, malo amene valavu imafika ikatseguka ndi omwewo amene pisitoni imafika ikakwera, kungoti zimafikapo pa nthawi zosiyana. Zili ngati amayi awiri akusinja mumtondo umodzi: musi wina ukamatsika, unzake umakhala uli m'mwamba, ndipo mmodzi akangosokoneza kalandiranidwe, misi imawombana. Lamba akaduka, camshaft imaima mavalavu ena ali chitsegukire, koma crankshaft imapitiriza kuzungulira chifukwa galimoto ikuyendabe, motero mapisitoni amamenya mavalavuwo n'kuwapinda, ndipo nthawi zina hedi kapena camshaft yomwe imawonongeka. Injini za dizilo za Toyota zimene zili mu Hiace ndi Hilux, monga 3L, 5L, 1KZ-TE, 1KD ndi 2KD, zili m'gulu limeneli, chifukwa dizilo amafuna kuti mpweya upanikizidwe kwambiri ndipo mpata wotsala pamwamba pa pisitoni ndi wochepa zedi. Injini za petulo zakale monga 4A-FE, 5A-FE ndi 3S-FE zinapangidwa ndi mpata wokwanira, kotero kuti lamba akaduka kawirikawiri mumangovutika ndi kukoketsa galimoto basi.

Si galimoto iliyonse ili ndi lamba. Vitz, Probox, Sienta, Corolla ya injini ya 1NZ-FE kapena 1ZZ-FE, Honda Fit, Nissan Note ndi Tiida zimayendera tcheni chachitsulo chimene chimasamba mu oyilo ndipo sichisinthidwa potsatira makilomita ngati lamba. Muyambe mwadziwa mtundu wa injini yanu musanalipire ntchito imene galimoto yanu siyifuna.

Nthawi yosinthira imasiyana malinga ndi wopanga, kawirikawiri kuyambira makilomita 60,000 mpaka 150,000. Magalimoto ambiri ochokera ku Japan amatsatira malire a makilomita 100,000, ndipo akasintha lamba kumeneko amamata kapepala pa chivundikiro kosonyeza tsiku ndi makilomita. Injini za 1KD ndi 2KD zimafika 150,000. Nyali yolembedwa T-BELT imene imayaka pa Toyota za dizilo imangowerenga makilomita, siyiona lambayo, choncho kusayaka kwake si umboni wakuti lamba ali bwino. Ndipo labala amakalamba ngakhale galimoto itangoima, n'chifukwa chake opanga ambiri amaikanso malire a zaka, kawirikawiri 5 mpaka 7. Kwathu kuno ndimalangiza kusadikira malirewo mpaka mapeto ake. Minibasi imene imathera maola ambiri ikulira pa siteji podikira anthu imazunguza lamba popanda makilomita kuwonjezeka, kutentha kwa ku Chikwawa ndi ku Nsanje kumaumitsa labala msanga, ndipo fumbi la m'misewu yathu likalowa pamene chivundikiro chinasweka limadya mano. Galimoto yongofika kumene kuchokera kunja, imene ilibe umboni wodalirika wa tsiku limene lamba anasinthidwa, ndi bwino kuisinthira lamba musanayambe nayo maulendo ataliatali.

Tsopano tifike pa ntchito yeniyeni, ndipo nditenga injini ya 5A-FE ya mu Corolla ngati chitsanzo. Makaniko amachotsa waya wa batire, amakweza galimoto n'kuikhazika pa zogwiriziza zolimba osati pa jeke yekha, amachotsa tayala la kumanja ndi malamba akunja, ndipo amachirikiza injini kunsi chifukwa mounting ya mbali imeneyo, imene imagwira injini ku thupi la galimoto, iyenera kumasulidwa. Zonsezi n'zotopetsa chabe. Luso limayamba pamene chivundikiro cha pamwamba chachotsedwa, lamba wakale akadali pamalo pake.

Lamba wakale sachotsedwa injini isanaikidwe pa zizindikiro zake. Makaniko amachotsa mapulagi kuti injini ipepuke, amaika sipanala pa bawuti ya crankshaft, ndi kuzunguza pang'onopang'ono motsata kumene injini imazungulira, mpaka kamzere ka pa pule yakunja ya crankshaft kayang'anizane ndi 0 wa pa chivundikiro cha pansi. Pamenepo pisitoni ya silinda yoyamba yafika pamwamba penipeni. Koma poti crankshaft imazungulira kawiri pa ulendo umodzi wa camshaft, pisitoniyo imafika pamwamba kawiri, kamodzi ikupanikiza mpweya ndi kamodzi ikutulutsa utsi, ndipo ife tikufuna koyambako. Chotsimikizira ndi kabowo ka pa pule ya camshaft, kamene munthu akasuzumiramo ayenera kuona chizindikiro cha pa chogwirira camshaft kuseri kwake. Ngati kabowoko kali mbali ina, crankshaft imazunguzidwanso ulendo wathunthu umodzi ndipo zonse zimakumana. Injini zambiri zimazungulira ngati muvi wa wotchi munthu akayang'ana ku pule, koma za Honda zakale za mtundu wa D ndi B zimazungulira mobwerera, ndipo pa Subaru ya EJ20 chizindikiro choikira lamba chimaimitsa mapisitoni pakatikati, osati pamwamba. Izi zikutanthauza kuti makaniko sayenera kungotengera chizolowezi cha injini ina, ayenera kudziwa zizindikiro za injini imene ili patsogolo pake.

Pali chizolowezi chimene sindigwirizana nacho, chodontheza penti pa lamba wakale ndi pa mapule, kenako n'kukopera madonthowo pa lamba watsopano popanda kuyang'ana zizindikiro za kufakitale. Njirayi imathandiza ngati yongowonjezera, koma ikakhala yokhayo imangotengera cholakwa chakale. Ngati amene anaika lamba wakaleyo analumphitsa dzino limodzi, kapena lambayo analumpha yekha chifukwa chotayirira, pentiyo adzabwezera cholakwacho bwinobwino pa lamba watsopano.

Bawuti ya crankshaft imakhala yomangika kwambiri ndipo imafuna chitsulo chogwira pule kuti isazungulire. Ena amapanikiza sipanala ku chitsulo cha galimoto n'kuliza sitata kuti bawutiyo imasuke, njira imene imasuntha zizindikiro ndipo imatha kuvulaza munthu. Pule ikatuluka ndi chokokera chake, osati ndi nyundo, chivundikiro cha pansi chimachoka ndipo pamaoneka chizindikiro china pa kagiya kamano ka crankshaft, choyang'anizana ndi chinzake pa thupi la pampu ya oyilo. Kenako tensioner, kagudumu kamene kamakunga lamba, kamamasulidwa ndi kukankhidwira kumbali, ndipo lamba amavulidwa. Kuyambira pamenepa mpaka lamba watsopano atalowa, crankshaft ndi camshaft siziyenera kuzunguzidwa payokhapayokha, makamaka pa injini zija mapisitoni amakumana ndi mavalavu.

Pamene pali potsegula chonchi m'pamene mwini galimoto ayenera kulimba mtima pa nkhani ya ndalama. Malamba ambiri amene amabwera kugalaja ataduka sanaduke chifukwa cha ukalamba wawo wokha, koma chifukwa beringi ya tensioner kapena ya kagudumu kena inauma n'kugwira, kapena oyilo wodontha pa seal (kamkombero ka labala kotchinga oyilo) anafewetsa labala mpaka mano anathothoka. Kuika lamba watsopano pa maberingi amene ayenda kale makilomita 100,000 n'kuwapempha kuti ayendenso ena 100,000, zimene nthawi zambiri sakwanitsa. Choncho tensioner, tigudumu tonse ndi ma seal odontha zisinthidwire limodzi. Pa injini ngati 3S-FE, pamene water pump (pampu ya madzi oziziritsa injini) imazunguzidwa ndi lamba yemweyu, pampuyo isinthidwenso, chifukwa ikadzayamba kudontha ntchito yonseyi idzabwerezedwa. Injini ya 4D56 ya mu Pajero ndi L200 ili ndi kalamba kachiwiri kozunguza balance shaft, chitsulo chochepetsa kunjenjemera kwa injini, ndipo kalambako kakaduka zidutswa zake zimatha kulowa pansi pa lamba wamkulu. Pogula, funani malamba a makampani odziwika monga Gates, Mitsuboshi, Bando kapena Dayco kwa ogulitsa odalirika, poti achinyengo okhala m'makatoni ofanana nawo alipo pamsika, ndipo muwerenge mano ndi kuyerekeza m'lifupi ndi lamba wakale.

Lamba watsopano sapindidwa mwamphamvu chifukwa ulusi wa m'kati mwake umathyoka mosaoneka, sakhudzidwa ndi oyilo, ndipo salowetsedwa mokanulira ndi sikuludalaiva. Ngati ali ndi muvi, muviwo uloze kumene injini imazungulira. Amayambira pa crankshaft, n'kukwera mbali imene kulibe tensioner ali wokungika, kuti kutayirira konse kutsalire mbali ya tensioner. Apa m'pamene zolakwa zambiri zimabadwira: lamba akatayirira mbali yokoka, zizindikiro zimaoneka zolondola, koma tensioner ikangomasulidwa imakoka kutayirirako ndipo camshaft imasuntha dzino limodzi. Pa dizilo wakale ngati 3L ndi 5L pali pule yachitatu ya pampu ya dizilo, imene nayonso ili ndi chizindikiro chake. Tensioner zina zimakankhidwa ndi kamtsuko ka oyilo kokhala ndi ndodo. Ndodoyo imabwezedwa m'kati pang'onopang'ono kwambiri, imatsekedwa ndi kapini, ndipo piniyo imasololedwa lamba atakhala kale bwino.

Dzino limodzi lingaoneke laling'ono, koma tiwerengere. Pule ya camshaft itakhala ndi mano 40, dzino limodzi ndi madigiri 9 a camshaft, amene ndi madigiri 18 a crankshaft. Injini yotere imatha kulira, ndipo n'chifukwa chake galimoto imatuluka m'galaja aliyense akuganiza kuti zatheka, koma imasowa mphamvu pa chitunda, imamwa mafuta, imanjenjemera ikaima, ya dizilo imafuka ndi kuvuta kulira m'mawa, ndipo pa magalimoto a kompyuta nyali ya injini imayaka. Mano akalumpha angapo, mavalavu amayamba kukhudza mapisitoni.

Chifukwa cha zimenezi, gawo limene ndimaliona lofunika kuposa onse ndi lija limatenga mphindi zochepa chabe. Lamba akalowa ndipo tensioner yamasulidwa, makaniko azunguze crankshaft ndi dzanja maulendo awiri athunthu, mosabwerera m'mbuyo, mpaka chizindikiro chake chibwerere pamalo. Akamva kuti yagunda penapake, aime pomwepo osakakamiza, chifukwa dzanja limamva kukhudzana kwa pisitoni ndi valavu zisanapindike, pamene sitata siyimva kanthu. Maulendo awiriwo akatha, zizindikiro zonse za pa mapule ziyenera kukumananso ndendende, ndipo ngati chimodzi chaphonya ngakhale pang'ono, lamba avulidwe ndi kuikidwanso. Mizere yojambulidwa pa lamba weniweniyo isakudabwitseni ikapanda kubwerera pamalo pake, poti imathandiza poika pokha, ndipo zotsimikizira ndi zizindikiro za pa zitsulo. Mwini galimoto ali ndi ufulu wopempha kuti amuonetse zizindikirozi chivundikiro chisanatsekedwe, ndipo makaniko wodziwa ntchito yake sakhumudwa nazo.

Zikatero bawuti ya tensioner imamangidwa, kambale kotsogolera lamba kamabwezedwa pa crankshaft mkombero wake utayang'ana kunja, ndipo zivundikiro zonse zimabwerera, palibe chosiyidwa pansi poganiza kuti n'chokongoletsa chabe. Bawuti ya crankshaft imafuna sipanala yoyeza mphamvu, ndipo pa 4A-FE muyeso wake ndi 118 Nm. Bawutiyo ikatayirira, pule imagwedera n'kudya mpata wa kiyi (kachitsulo kogwira pule kuti isaterereke) pa crankshaft, tayimingi n'kumasuntha pang'onopang'ono lamba ali bwinobwino.

Injini ikalira, mvetserani kutsogolo kwake. Phokoso la mluzu limene limakwera mukaponda mafuta limasonyeza kuti lamba wakungika mopitirira ndipo adya maberingi msanga, pamene kumenyamenya kwa pa chivundikiro kumasonyeza kuti watayirira. Ngati water pump inasinthidwa, madzi athiridwe, mpweya utulutsidwe, ndipo muvi wa kutentha uyang'aniridwe mpaka fani itazungulira. Pomaliza makaniko alembe tsiku ndi makilomita pa kapepala komata pa chivundikiro komanso m'buku la galimoto, ndipo pa Toyota za dizilo abwezeretse chowerengera cha nyali ya T-BELT kuti chiyambe kuwerenga kuchokera pa lamba watsopanoyu.