Kutchire mtunda suyezedwa ndi makilomita

Munthu akabwera kudzandifunsa nzeru za ulendo wa kutchire, funso lake loyamba limakhala lakuti: "Ndi makilomita angati?" Ine ndimamubwezera lina: mukuyembekezera kufika nthawi yanji, nanga nthawiyo ikakwana musanafike mudzatani? Ambiri amangoti kakasi. Ndatsogolera anthu kwa zaka zambiri m'njira zakutali ndi phula, pa galimoto, pa njinga ndi wapansi, ndipo mavuto ambiri amene ndawaona anayambira kunyumba, pamene munthu anayang'ana pa mapu n'kunena kuti apa m'pafupi.

Tiyambe ndi woyenda pansi, chifukwa masamu ake ndi osavuta. Mu 1892, William Naismith, munthu wokwera mapiri wa ku Scotland, analemba njira yowerengera nthawi imene tikuigwiritsabe ntchito mpaka lero. Pa makilomita 5 aliwonse werengani ola limodzi, kenako onjezani ola lina pa mamita 600 aliwonse amene mukwere. Choncho njira ya makilomita 15 yokhala ndi chitunda cha mamita 900 ndi maola anayi ndi theka. Koma Naismith ankanena za munthu wolimba, wosasenza katundu wolemera, amene sakupuma komanso sakusochera. Inu mwabereka chikwama, muli ndi mnzanu amene bondo limamuvuta potsetsereka, ndipo pena mudzaima n'kumakangana kuti njira ndi iti. Ine ndikawerengera gulu, ndimatenga liwiro la munthu wochedwetsetsa, n'kuwonjezerapo gawo limodzi mwa magawo atatu a nthawi yonseyo. Anthu amadandaula kuti ndikukokomeza, koma madzulo tikamafika pamsasa dzuwa likulowa, madandaulo aja samvekanso.

Zonsezi zili pa mapu, kwa amene amadziwa kuwawerenga. Pa mapu a 1:50,000, masentimita awiri ndi kilomita imodzi pansi. Timizere tokhotakhota ta pa mapupo timasonyeza kukwera kwa nthaka: tikathithikana ndiye kuti pamenepo pali phompho kapena chitunda chowawa, tikatalikirana ndiye kuti m'posalala. Foni nayo ndi yabwino, ndipo ine sindiinyoza. GPS ya m'foni imamva masetilaiti mwachindunji, sidalira netiweki. Chimene chimafuna netiweki ndi mapu enieniwo, n'chifukwa chake muyenera kuwasunga m'foni musananyamuke. Vuto lake ndi batire, imene imatha msanga kukazizira kapena foni ikamangofunafuna netiweki kumalo komwe kulibe. Mapu apepala ndi kampasi muzikhala nazo m'chikwama. Ndipo mukakumana ndi anthu okhala kuderalo, afunseni, pakuti safunsa adadya phula. Mapu sadziwa kuti mlatho unakokoloka mwezi watha, koma munthu amene mwakumana naye panjira akudziwa.

Pa galimoto zinthu zimasokoneza kwambiri, chifukwa thupi silimva kutopa kumene kukanakuchenjezani. Taonani njira ya Canning Stock Route ku Western Australia. Ndi makilomita pafupifupi 1,850 kuchoka ku Wiluna kukafika ku Halls Creek. Pa phula, madalaivala awiri osinthana akhoza kuuthetsa mtunda wotere m'masiku awiri. Kumeneko anthu amatha milungu iwiri kapena itatu, akukwera ndi kutsika milu ya mchenga yoposa 900. Alfred Canning anayeza njirayi mu 1906 kuti muzidutsa ng'ombe, ndipo pakati pa 1908 ndi 1910 anakumbamo zitsime. Pa mapu mumaona zitsime 51 zolembedwa manambala bwinobwino, koma zambiri zinagumuka kale, ndipo madzi akumwa amapezeka pa zochepa chabe. Munthu wowerenga zitsime pa mapu n'kunyamula madzi ochepa wadziika yekha pa msampha.

Mumchenga ndi m'matope injini imamwa mafuta kwambiri kuposa pa phula, chifukwa mumayenda pa magiya otsika ndipo matayala amangopalasa. Musatenge mlingo wa mafuta wa m'tauni n'kuwerengera nawo ulendo wa kutchire. Lamulo limene ndimaphunzitsa ndi logawa patatu: gawo limodzi lopitira, lina lobwererera, lachitatu losakhudza. Gawo loyamba likatha musanafike pamene munkafuna, tembenukani. Madzi akumwa agaweninso chimodzimodzi. Munthu amene akukumba tayala padzuwa akhoza kutaya thukuta lopitirira lita imodzi pa ola, ndiye madzi amene munkati akwana masiku atatu amatha tsiku limodzi lokha la kutitimira. Madzi a mumtsinje awiritseni mpaka abwate kwa mphindi imodzi, koma mukakhala pamwamba kupitirira mamita 2,000 abwate mphindi zitatu, chifukwa kumtunda madzi amabwata asanatenthe mokwanira.

Nkhani ya matayala ndiikhalire pang'ono, chifukwa ndi imene anthu amaikayikira mpaka ataiona ndi maso. Mukafika pa mchenga wofewa, phwetsani matayala. Tayala lopopedwa mlingo wa pamsewu ndi lolimba, limagunda pansi ndi kamalo kakang'ono ndipo limakumba ngati khasu. Mukatulutsa mpweya kufika cha m'ma psi 18 kapena 20 (psi ndi muyezo wa mphamvu ya mpweya m'tayala), mbali yogunda pansi imatalika, kulemera kwa galimoto kumagawika, ndipo imayandama pamwamba pa mchenga m'malo momira. Ndaonapo galimoto itakwiririka mpaka m'mimba, eni ake atakankha kwa maola awiri, ikutuluka yokha titangochotsa mchenga kutsogolo kwa matayala ndi kuwaphwetsa. Koma tayala lophwetsedwa lili ndi malamulo ake. Musakhote mwadzidzidzi, lingavuke pa limu. Musathamange nalo, limatentha n'kuphulika. Mukabwerera pa nthaka yolimba lipopeninso, kutanthauza kuti pampu ndi geji ndi zofunika ngati fosholo ndi jeke. Ndipo mukamva kuti matayala ayamba kuzungulira pamalo amodzi, chotsani phazi pa moto nthawi yomweyo. Kuponda kwambiri kumangokumba dzenje limene mudzalifotsere nokha ndi manja.

Wa njinga yakapalasa, mfundo ya mpweya ndi yomweyo, kungoti akaphwetsa kwambiri chubu chimatsinidwa pa mwala n'kubooka pawiri. Iye awerengere kuti pena adzatsika n'kumakankha njinga yolemera, ndipo pamenepo amachedwa kuposa woyenda pansi. Zigamba, pampu ndi kachida kolumikizira tcheni asazisiye.

Mtsinje ndiye umene ndimauopa koposa zonse. Madzi othamanga akuya masentimita 15 okha akhoza kugwetsa munthu wamkulu. Akafika masentimita 30 amanyamula galimoto yaing'ono, ndipo pa masentimita 60 amakokolola ngakhale zikuluzikulu za 4x4. Anthu amadalira kulemera kwa galimoto, osadziwa kuti ikalowa m'madzi imapepuka ngati bwato ndipo matayala amasiya kugwira pansi. Palinso ngozi ya injini. Madzi akalowera pamene injini imakokera mpweya, amakafika m'masilinda. Mpweya umapanikizika, madzi sapanikizika, ndiye zitsulo zam'kati zimapindika injini n'kufera pomwepo, pakati pa mtsinje. Musanawoloke, imani, muone kuya kwake ndi mmene pansi palili. Ngati malowo alibe ng'ona, yendamoni ndi ndodo. Madzi akamakukankhani pamwamba pa mawondo, galimoto nayo isalowe. Woyenda pansi amasule lamba wa m'chiuno wa chikwama asanaponde m'madzi, kuti akagwa achivule msanga. Kumbukiraninso kuti mtsinje umadzaza ndi mvula imene yagwa kumapiri, kutali, inu muli padzuwa. Khwawa louma mmawa likhoza kukhala chigumula masana, n'chifukwa chake sitimanga msasa m'khwawa ngakhale mchenga wake uli wofewa bwanji. Ubwino wake, madzi otere amaphwanso msanga. Nthawi zambiri kugona tsidya lino usiku umodzi kumathetsa nkhani yonse.

Tsopano ndibwerere ku funso langa lija. Musananyamuke, gwirizanani ola lobwerera, ndipo mulinene mokweza aliyense amve. Chifukwa chake n'chakuti munthu wotopa, amene akuona nsonga ya phiri ili apo, saganiza bwino. Mtima umamuuza kuti kwatsala pang'ono, ndipo pang'onopo pamadya maola. Pa 10 ndi 11 Meyi 1996 anthu 8 anafera pa phiri la Everest, ndipo chimodzi mwa zimene zinachititsa n'chakuti ena anapitiriza kukwera 2 koloko masana itadutsa, nthawi imene anayenera kukhala atatembenuka. Pakati pawo panali atsogoleri odziwa ntchito yawo. Ngati zinawachitikira iwo, zikhoza kuchitikira aliyense wa ife, pa phiri laling'ono lililonse. Pamtunda kumazizira ndi madigiri pafupifupi 6.5 pa mamita 1,000 aliwonse amene mwakwera, ndipo malaya onyowa ndi thukuta, mphepo ikawomba dzuwa litalowa, amachotsa kutentha m'thupi mofulumira kwambiri. Munthu amene ananyamuka mmawa kukutentha amapezeka usiku akunjenjemera, miyendo ikukana.

Zikavuta ndithu, galimoto yafa kapena yatitimira moti simungaitulutse, khalani pomwepo. Apa mtima umakana, ndikudziwa, chifukwa kukhala pansi kumaoneka ngati kugonja. Koma galimoto ili ndi mthunzi, ili ndi madzi anu onse, ndipo ofufuza amaiona patali, ngakhale ali m'ndege. Munthu mmodzi pansi pa mtengo saoneka. Amene amayenda kawirikawiri kumalo opanda netiweki aganizire zogula kachipangizo kopempha thandizo kotchedwa PLB. Mukakatsegula kamatumiza chizindikiro pa 406 MHz kupita ku masetilaiti a Cospas-Sarsat, dongosolo limene linapulumutsa anthu ake oyamba mu 1982, ndege itagwa ku Canada. Kalembetseni m'dzina lanu kuti olandira chizindikirocho adziwe amene akumufunafuna.

Koma ngakhale mulibe kachipangizo kameneka, pali chinthu chimene aliyense angakwanitse. Siyirani munthu wodalirika pepala. Lembanipo njira imene mudzere, malo amene mugone usiku uliwonse, mtundu ndi nambala ya galimoto, mayina a onse amene muli nawo, ndi madzi amene mwanyamula. Pansi pake lembani tsiku ndi ola limene, akapanda kumva kwa inu, ayambe kuuza apolisi kapena oyang'anira deralo. Mukasintha njira muli m'kati, yesetsani kumudziwitsa, chifukwa ofufuza adzayambira pamene pepala likunena. Ndipo mukangotulukira pamene pali netiweki, muimbireni iyeyo poyamba, musanatumize zithunzi kwa wina aliyense.