Njerwa za ku Tuskegee ndi mmisiri Robert Taylor

Aliyense amene anaotchapo njerwa amaudziwa usiku wa pa uvuni. Mwaponda dothi kwa milungu, mwaumba ndi chikombole mpaka msana kuuma, mwayanika, mwasanja, mwamata, nkhuni nazo mwagula modula. Kenaka mumayatsa moto n'kuyamba kuchezera, mtima uli m'mwamba, osadziwa ngati mudzaphula njerwa zolira bwino kapena zongofumbutuka m'manja. Mbiri ya nyumba za sukulu ya Tuskegee, m'chigawo cha Alabama kummwera kwa America, inayambira pa uvuni wotere, ndipo katatu konse njerwa zinakana kupsa.

Sukuluyi inatsegulidwa pa 4 July 1881, patangotha zaka 16 ukapolo utathetsedwa m'dzikolo. Amene anaivutikira kuti ikhalepo anali Lewis Adams, bambo amene anabadwira mu ukapolo koma anali ndi luso lokhoma zitini, kusoka nsapato ndi kukonza zingwe za akavalo. Boma la Alabama linavomera kupereka madola 2,000 pachaka, koma ndalamazo zinali za malipiro a aphunzitsi basi. Malo panalibe, nyumba panalibe. Mphunzitsi wamkulu, Booker T. Washington, mnyamata wa zaka 25 amenenso anabadwa ali kapolo, anayamba ndi ophunzira 30 m'kachisakasa pafupi ndi tchalitchi. Denga lake linkadontha moti mvula ikagwa wophunzira mmodzi ankagwirira mphunzitsi ambulera kuti phunziro lipitirire. Posakhalitsa anagula munda wakale wa maekala 100 pamtengo wa madola 500, ndalama yoyamba ili yangongole, ndipo makalasi ena anayambira m'khola la akavalo ndi la nkhuku atawasesa.

Washington anatsimikiza kuti nyumba za sukuluyo azimanga ndi ophunzira eni ake. M'tauni ya Tuskegee munalibe woumba njerwa, choncho anati aziumba okha. Ophunzira ambiri sanakondwe nazo. Makolo awo anakalambira m'minda ya thonje, ndipo iwo anabwera kusukulu kuthawa matope omwewo. Ena anangolongedza katundu n'kubwerera kwawo. Otsalawo anaumba njerwa pafupifupi 25,000, koma uvuni woyamba unakanika. Wachiwiri chimodzimodzi. Wachitatu unayaka bwino kwa masiku angapo, anthu n'kuyamba kuona ngati zatheka, kenaka pakati pa usiku unagumuka. Ndalama zinali zitatheratu. Washington anatenga wotchi yake n'kukaipinyolitsa mumzinda wa Montgomery pa madola 15, ndipo ndi ndalama imeneyo anayatsa uvuni wachinayi. Umenewo ndiwo unapsa. Wotchi ija sanakaiwombolenso. Patapita nthawi, azungu a m'deralo, ena mwa iwo osafuna n'komwe kumva za sukulu ya anthu akuda, anayamba kubwera ndi ngolo kudzagula njerwa pasukulupo chifukwa zinali zabwino.

Kumanga sikunali kwachilendo kwa anthu akuda a ku America. Akapolo ndiwo anaswa miyala, kucheka matabwa ndi kuumba njerwa pomanga White House ndi nyumba ya malamulo ya Capitol mumzinda wa Washington, likulu la dzikolo. Nyumba zikuluzikulu za eni minda kummwera, zija za nsanamira zoyera kutsogolo, zambiri zinadzutsidwa ndi manja a akapolo. Ku Wilmington, m'chigawo cha North Carolina, kuli nyumba yotchedwa Bellamy Mansion imene inamangidwa kuyambira 1859 mpaka 1861. Anthu oikonzanso patapita zaka zoposa 100 anapeza zilembo zitatu, WBG, zolembedwa kuseri kwa pulasitala. Zinali za William B. Gould, kapolo womata zipupa, amene anathawa pabwato mu 1862 n'kukalowa usilikali wa pamadzi wa zigawo za kumpoto pa nkhondo yapachiweniweni imene inathetsa ukapolo. Nkhani imeneyi imandikhudza nthawi zonse ndikaiganizira. Munthu anagwira ntchito yokongola chotero, koma dzina lake anachita kulibisa m'kati mwa khoma, pamene dzina lotchuka linali la mwini nyumba ndi la wojambula pulani.

Mumzinda womwewo wa Wilmington ndimo munabadwira Robert Robinson Taylor pa 8 June 1868. Bambo ake, Henry Taylor, anali kalipentala wobadwira mu ukapolo, mwana wa mzungu yemweyo amene anali mbuye wake. Analoledwa kumadzigwirira ntchito m'tauni, ndipo ufulu utabwera anakhala mmisiri wodziwika, womanga nyumba ndi zombo za katundu. Robert anakula akuthandiza bambo ake, kotero macheka ndi levulo anazidziwa asanagwire pensulo yojambulira. Mu 1888 anapita ku Boston kukayamba maphunziro ojambula mapulani a nyumba pa Massachusetts Institute of Technology, imene ambiri amangoiti MIT.

Nthawi imeneyo ntchito yojambula mapulani inali itangoyamba kumene kulemekezedwa ngati ya anthu ophunzira. Kale mmisiri ankamanga potsatira zimene anaphunzira kwa mkulu wake komanso mabuku a zithunzi. MIT ndiyo inayambitsa maphunziro oyamba a ntchitoyi m'dziko lonse la America cha m'ma 1860, pansi pa William Robert Ware, ndipo kaphunzitsidwe kake kanatengera sukulu ya ku Paris ya École des Beaux-Arts. Wophunzitsa kujambula m'masiku a Taylor anali Mfalansa, Eugène Létang. MIT inali idakali mu Boston, isanasamukire mumzinda woyandikana nawo wa Cambridge. Inali mumsewu wa Boylston, pafupi ndi bwalo la Copley Square. Pabwalopo panali Trinity Church, tchalitchi cha miyala ikuluikulu chimene Henry Hobson Richardson anamaliza mu 1877, ndipo tsidya lake amisiri anali kalikiliki kumanga laibulale yaikulu ya mzindawo, imene inayambidwa chaka chomwe Taylor anafika. Mwana wa kalipentala wa ku Wilmington ankadutsa pamenepo akupita m'kalasi. Anamaliza mu 1892, ndipo amadziwika kuti ndiye munthu wakuda woyamba kumaliza maphunziro pa MIT komanso woyamba kuphunzira ntchitoyi mokwanira pasukulu yaukachenjede. Bambo ake sanaione tsikulo, anali atamwalira chaka cham'mbuyo.

Washington anamufunafuna n'kumupempha kuti abwere ku Alabama. Taylor anavomera, ndipo kumeneko anapeza zinthu zosiyana kwambiri ndi za ku Boston. Kunalibe miyala yosema, kunalibe amisiri okhwima olembedwa ntchito, ndalama zinkabwera modontheza kuchokera kwa anthu akufuna kwabwino a kumpoto. Chimene chinalipo ndi dothi, mitengo ya paini, makina ochekera matabwa, ndi anyamata amene ena mwa iwo anali asanaonepo pulani ya nyumba chibadwire. Wojambula wa ku Boston akalemba mzere papepala ankadziwa kuti alipo odziwa kuumasulira. Taylor ankayenera kujambula nyumba, kenaka n'kuphunzitsa anthu oti aimange kuwerenga chimene wajambulacho. Anakhazikitsa mwambo woti wophunzira ntchito yamanja, kaya ndi wopala matabwa kaya wosula zitsulo, aziyamba wajambula chinthu papepala ndi miyeso yake asanachipange. Kwa ine apa ndi pamene pagona ntchito yake yaikulu, kuposa nyumba iliyonse imene anamanga. Ana a anthu amene kwa zaka mazana ankangouzidwa kuti ika apa, chotsa apo, tsopano ankagwira okha pepala.

Nyumba yake yoyamba inali Science Hall, imene inatha mu 1893 ndipo pambuyo pake inatchedwa Thrasher Hall. Koma imene iye mwini ankainyadira koposa inali tchalitchi cha sukuluyo. Ndalama zake anapereka ndi amayi awiri apachibale a ku New York, Olivia ndi Caroline Phelps Stokes, ndipo ntchito inatenga zaka pafupifupi zitatu mpaka kutsegulidwa mu 1898. Munalowa njerwa 1,200,000, zonse zoumbidwa ndi kuotchedwa ndi ophunzira pasukulu pomwepo. Amene anamangapo nyumba ya zipinda zitatu angathe kuyerekeza kuti amenewo ndi mauvuni angati, nkhuni zochuluka bwanji, mausiku angati ochezera. Pansi pake anachiyala ngati mtanda, pakona n'kuimikapo nsanja yaitali, ndipo munkalowa anthu 2,400. Vuto la nyumba yotakata chotero ndi denga: ukaika nsanamira pakati, anthu akumbuyo saona kutsogolo. Taylor anagwiritsa ntchito mitanda yamatabwa yolukana, yotuluka m'zipupa n'kukakumana pamwamba, monga ankachitira amisiri akale a ku England, ndipo mitandayo inkaoneka poyera munthu akakweza maso. Matabwa ake, mabenchi, ngakhale mawaya a magetsi, zonse anakonza ndi ophunzira ndi aphunzitsi awo. M'December chaka chomwecho mtsogoleri wa dziko, William McKinley, anafika pasukulupo kudzaona.

Tisaiwale kuti 1898 chinali chaka chotani kwa anthu akuda. Zaka ziwiri m'mbuyomo khoti lalikulu la dzikolo, pa mlandu wa Plessy, linali litavomereza tsankho lolekanitsa azungu ndi akuda m'sitima ndi m'malo ena. Pa 10 November 1898, kwawo kwa Taylor ku Wilmington, gulu la azungu okhala ndi mfuti linagwetsa boma la mzinda losankhidwa ndi anthu, linatentha nyumba ya nyuzipepala ya anthu akuda, linapha anthu ambiri, ndipo mabanja ochuluka anathawa osabwereranso. Mu 1901 Alabama inalemba malamulo atsopano amene analanda pafupifupi anthu akuda onse mwayi wovota. Tchalitchi chija chinaima pakati pa zinthu zimenezi.

N'chifukwa chake njira ya Washington inabutsa mkangano umene sunathe mpaka lero. Mu 1895, polankhula ku Atlanta, iye analangiza anthu akuda kuti ayambe alimbikira ntchito zamanja ndi chuma, za ndale zidikire. W. E. B. Du Bois, wolemba mabuku ndi womenyera ufulu wa anthu akuda, anamutsutsa poyera mu 1903, ponena kuti munthu wopanda voti ngakhale nyumba imene wamanga sangaiteteze, ndipo kuti anthu akuda akufunikanso maphunziro apamwamba. Zimene zinachitika ku Wilmington zikumuikira umboni Du Bois, pakuti ambiri mwa othamangitsidwawo anali anthu a ntchito zawo ndi nyumba zawo. Komabe amene amati Tuskegee inkangophunzitsa anthu kukhala antchito a azungu sanamuyang'ane bwino Taylor. Iye anali ndi maphunziro apamwamba omwewo amene Du Bois ankawafuna, ndipo anawatengera kunkhando ya njerwa. Mwa amene anadutsa pasukulupo munatuluka ojambula mapulani monga William Sidney Pittman, ndi Vertner Tandy amene anakhala munthu wakuda woyamba kulembetsedwa ngati wojambula mapulani m'chigawo cha New York. Wallace Rayfield, amene anaphunzitsapo kujambula pa Tuskegee, ndiye anajambula tchalitchi cha 16th Street Baptist ku Birmingham, chija anachiphulitsa ndi bomba mu 1963 n'kupha atsikana anayi.

Ife a kuno nkhaniyi siili patali nafe. Pamene tchalitchi cha Tuskegee chinkamalizidwa, John Chilembwe anali ku America komweko, akuphunzira ku Lynchburg m'chigawo cha Virginia kuyambira 1897. Ganizo lophatikiza sukulu, chipembedzo ndi ntchito zamanja linali ponseponse pakati pa anthu akuda a kumeneko, ndipo atabwerera mu 1900 mishoni yake ya ku Mbombwe ku Chiradzulu anaitcha Providence Industrial Mission. Nayenso anamanga tchalitchi chachikulu cha njerwa ndi anthu ake, ndipo boma la atsamunda linachigwetsa mu 1915 itatha nkhondo yake. M'November chaka chomwecho Washington anamwalira, ndipo anaikidwa pafupi ndi tchalitchi cha Taylor, m'manda a njerwa omangidwa ndi ophunzira.

Taylor anachokapo pa Tuskegee mu 1899 kukagwira ntchito ku Cleveland, koma anabwerera mu 1902 ndipo anakhala zaka zina pafupifupi 30, mpaka kufika pokhala wachiwiri kwa mkulu wa sukulu. Nyumba ya Washington yotchedwa The Oaks, laibulale imene mpondamatiki Andrew Carnegie anaperekera madola 20,000, ndi nyumba zina zambiri pasukulupo zinachokera pa tebulo lake. Mu 1929 anawoloka nyanja kupita ku Liberia kukayala mapulani a sukulu ya Booker Washington Institute ku Kakata. Atapuma ntchito anabwerera kwawo ku Wilmington.

Pa 13 December 1942, ali ndi zaka 74, anali atabwera kudzacheza ku Tuskegee ndipo analowa m'mapemphero m'tchalitchi chake chija. Anagwa momwemo, pansi pa mitanda imene anaijambula ali mnyamata, ndipo anamwalira tsiku lomwelo. Mu January 1957 moto unanyeketsa tchalitchicho usiku umodzi. Chimene chilipo lero chinamalizidwa mu 1969, ndipo anachijambula ndi Paul Rudolph pamodzi ndi amisiri akuda awiri, Louis Fry ndi John Welch. Sukulu yophunzitsa kujambula mapulani pa yunivesite ya Tuskegee tsopano imatchedwa ndi dzina la Taylor, ndipo mu 2015 nkhope yake inaikidwa pa sitampu ya dzikolo. Thrasher Hall ndi The Oaks zikadalipo, zipupa zake zili za njerwa zomwe zija anaumba ophunzira.