Mtondo umene sausinjiramo

Chaka china tinalandira mnzathu watsopano pa nazale ya mitengo yomwe ndinkayang'anira kuno ku Kasungu. Anali mnyamata wa ku Nsanje, wophunzira bwino zankhalango, wosakana ntchito. Mwezi wa Okutobala, dzuwa likuswa mtengo, ndinamutuma kuti akatole mbewu za mtondo. Anapalasa njinga m'mamawa, n'kubwerako masana thukuta lili kamukamu, m'thumba mulibe kanthu.

"Achimwene, kuno mitondo kulibe," anatero. "Ndatsata mtsinje wonse, sindinaone ngakhale chipatso chimodzi."

Amanena izi titakhala pamthunzi wa mtondo. Makoko ake anali mbwee pansi, ena atawaponda ndi nsapato.

Mnyamatayo sanalakwe. Wolakwa ndinali ine, amene ndinaiwala kuti dzina limeneli lili ndi eni ake awiri, ndipo aliyense amalumbira kuti mtondo weniweni ndi wakwawo.

Ambiri a inu mukamva mtondo mumaona munsi, mphale ndi amayi akukonola. Tanthauzo limenelo silivuta, tilisiye. Lilipo lina lomwe latsala pang'ono kuzimirira, la powerenga masiku: mawa, mkuja, kenako mtondo. Achinyamata a lero amangoti "pakapita masiku atatu", koma ku Chiswahili mawuwa akadalipo ndi tanthauzo lomweli. Nkhani yanga ili pa mtondo wamoyo, wa mizu ndi masamba.

Mtondo umene mnzangayu ankafuna umamera kotentha, m'zigwa za mitsinje ikuluikulu: ku Chikwawa ndi Nsanje, ku Liwonde, ndiponso ku chigwa cha Luangwa ku Zambia. Akatswiri a zomera amautcha Cordyla africana, dzina lomwe anaupatsa wansembe wa ku Portugal, João de Loureiro, mu 1790. Ndi chimtengo cha thunthu lonenepa, chimene amisiri amasemera ng'oma. Maluwa ake ndi achikasu, ongokhala timaulusi toloza kumwamba, ndipo chipatso chake n'chachikasunso, chachikulu ngati dzira kapena kuposerapo pang'ono. Chimagwa chisanapsetse n'kukapsera pansi. Anthu amadya, anyani amadya, njovu ndiye zimachita kuulondalonda. Mwana wa ku Nsanje ukamutchulira mtondo, malovu amadzaza m'kamwa.

Wathu wa kuno subala chodyedwa chotere. Dzina lake m'mabuku ndi Julbernardia paniculata. Sufuna m'mphepete mwa mtsinje, umakonda kumtunda, pa dothi lamchenga losauka lomwe mlimi amalinyoza. Ukapita ku nkhalango ya Chimaliro kapena m'Paki ya Kasungu, uli paliponse. Mukafuna kuuzindikira, thyolani tsamba limodzi muone: timasamba take timakhala tiwiritiwiri moyang'anizana, kawirikawiri magulu atatu kapena anayi, ndipo kunsonga sikutsala kamodzi kokha. Kenako kwezani maso. Maluwa ndi zitheba zake zimakhala pamwamba penipeni pa mtengo, zitatulukira kunja kwa masamba, zili ndi ubweya wofiirira wofewa ngati wa kamwana ka mbuzi. Mukaima patali nyengo ya maluwa, nkhalango imaoneka ngati wina waiwaza gaga pamutu.

Kukatentha, zithebazo zimauma, n'kuphulika. Masana a Okutobala mukakhala chete m'tchire mumangomva "thu! thu!" uku ndi uko. Khoko limang'ambika pakati, mbali zonse ziwiri n'kupotoka ngati nyanga ya mphalapala, ndipo njere zaphanthiphanthi zimaulukira kutali ndi tsinde. Mtengowu umafesa wokha motero. N'chifukwa chake wotola mbewu za mtondo ayenera kuthyola zitheba zitangotsala pang'ono kuphulika, n'kuziyanika zili m'thumba kuti njere zisathawe. Mnzanga uja akanayang'ana kumwamba m'malo mofunafuna zachikasu pansi, akanadzaza thumba pa mtengo womwe tinakhalapowo.

Chodabwitsa n'chakuti mitengo iwiriyi ndi pachibale ndithu, koma chibale chakutali. Yonse ndi ya banja la nyemba, limodzi ndi nandolo, mtedza ndi soya. Musanyengeke nazo. Mlimi wa soya amadziwa timibulu ta kumizu timene timawonjezera chonde m'nthaka, koma mtondo wa kuno ulibe timibulu timeneto. Mizu yake imagwirizana ndi bowa. Timaulusi ta bowa timakuta nsonga za mizu, n'kumatolera mtengowo madzi ndi mchere wa m'nthaka, ndipo mtengo umabwezera shuga wopangidwa m'masamba. Ndelema ndi manyame amene amayi amagulitsa m'mbali mwa msewu mvula ikagwa ndi zipatso za ubale umenewu. Sungawalime m'munda wa chimanga, ndipo sungawapeze pansi pa bulugamu monga umawapezera pansi pa mtondo ndi mombo. Nkhalango ikatha, ndiwo imeneyi imapita nayo.

Ophunzira anga amadandaula kuti mayina a Chilatini ndi ozunza lilime. N'zoona, inenso ndinavutika nawo. Koma taonani mmene mayina athu a mitengo ya m'tchire lino amasocheretsera mlendo. Mbale wake weniweni wa mtondo, Julbernardia globiflora, timamutcha mchenga, ngati wa kudambo womangira nyumba. Mtundu wina wa Brachystegia timautcha tsamba, moti ukati "ndadula tsamba" wa m'tauni amaseka. Ndiye mtondo, mchenga, tsamba: mitengo itatu yoimirira pamodzi, ndipo dzina lililonse lili ndi chinthu china chotchuka kuposa mtengowo. Wakumudzi sasokonezeka chifukwa nkhani imene ikukambidwa imamuuza. Koma pa pepala loitanitsira mbewu palibe nkhani, pali mawu okha. Kuchokera tsiku la mnyamata uja, ndimalemba mayina onse awiri, la kwathu ndi la m'buku, ndipo sindichita nazo manyazi.

Nawo azungu anabwereka kwa ife. Mombo, mtengo wa luzi lomangira denga, ukachuluka timati miombo, monga amatero anzathu a ku Zambia ndi Tanzania m'ziyankhulo zawo. Lero mawu oti miombo ali m'mabuku a sayansi a dziko lonse lapansi, kutanthauza tchire lonse la mitengo ya Brachystegia, Julbernardia ndi Isoberlinia, lotambalala masikweya kilomita pafupifupi 2.7 miliyoni kuyambira ku Angola mpaka ku Mozambique. Mombo unatenga ulemu wa dzina, koma kuno kumtunda kwa Kasungu mtondo ndi umene umadyetsa anthu.

Umadyetsa bwanji popanda chipatso? Funsani munthu wa kwa Chulu kapena ku Linyangwa. Sakuuzani za mtengo, akuuzani za matondo.

M'tauni, mbozi iliyonse yodyedwa amangoti mphalabungu. Mukawoloka malire pa Mchinji kulowera ku Chipata mumva akuti vinkhubala. Kuno amasiyanitsa, ndipo zikuluzikulu zonona zimene zimadya masamba a mtondo ndiye matondo. Ine ndimaona kuti dzinali silinachokere kutali: mbozi inatengera dzina la mtengo woilera. Si ife tokha timatero. Imodzi mwa mbozi zimenezi, Gonimbrasia belina, yamawangamawanga akuda, achikasu ndi ofiira, yokhala ndi timinga pamsana, ku Botswana amaitcha phane chifukwa kumeneko imadya mtengo wa mophane, umene ife timati tsanya. Mbozi ndi yomweyo, koma dzina limasintha ndi mbale imene ikudyeramo. Inzake ndi Gynanisa maja, yobiriwira, yokhala ndi madontho onyezimira ngati siliva, imene imabisala bwino m'masamba moti woyamba kumene amaidutsa osaiona. Ana a kuno amayang'ana pansi kaye: pomwe pali zitosi zake zakuda, pamwamba pali ndiwo.

Mayi wa matondo ndi gulugufe wamkulu wouluka usiku. Alibe pakamwa podyera, amangokhala masiku ochepa, ntchito yake kukwerana ndi kuikira mazira pa masamba basi. Timbozi tikaswa timadya usana ndi usiku, n'kufundula kanayi pamene tikukula. Zikakhwima zimatsika mumtengo, kulowa m'dothi, n'kugona mmenemo miyezi yambiri zili m'chikoko cholimba, kudikira chaka chinacho. Nyengo yotola imagwa kuyambira Okutobala mpaka Disembala, nthawi imene nkhokwe zambiri zayamba kuonetsa pansi ndipo ndalama ya fodya inatha kalekale. Amazifinya kuchotsa zam'mimba, kuziwiritsa ndi mchere, n'kuziyanika padzuwa. Zouma bwino zimasungika miyezi, ndipo pamsika zimayezedwa pa kambale ngati usipa.

Paki ya Kasungu, yomwe ndi yaikulu masikweya kilomita oposa 2,300 ndipo inakhala paki mu 1970, inatsekera mkati mwake mitondo yambiri imene makolo ankatolamo matondo. Kwa zaka zambiri wolowamo ankatengedwa ngati wakuba nyama. Chakumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990 boma linayamba kulola midzi yozungulira kulowa nyengo yake kukatola matondo ndi kupachika ming'oma ya njuchi. Akatswiri awiri, a Munthali ndi a Mughogho, anafufuza za ntchitoyi n'kulemba zomwe anapeza mu 1992, ndipo mfundo ziwiri mwa izo ndimazibwereza pa msonkhano uliwonse wa m'mudzi. Yoyamba: matondo amachuluka pomwe tchire linatenthedwa molawirira, udzu usanaumitsitse, ndipo amachepa kwambiri pomwe padutsa moto wa mochedwa. Moto wolawirira ndi wofatsa, umangonyambita udzu, ndipo mitengo imaphukira masamba anthete. Moto wa mu Seputembala ndi Okutobala, uja wa osaka mbewa, umakwera mpaka m'nthambi, kuwauula masamba pamodzi ndi mazira. Yachiwiri: zokolola zambiri zinkachokera m'mitengo yaifupi, ya mita imodzi kufika atatu, imene munthu amafikira ataimirira. Choncho wogwetsa mtondo wonse kuti atole za pamwamba alibe chifukwa chomveka. Ndi umbombo chabe, ndipo ndimawauza pamaso.

Za njuchi sinditalikitsa. Mtondo umachita maluwa mvula ikamatha mpaka m'nyengo yozizira, pamene mitengo yambiri ya m'tchire ilibe kanthu. Uchi wambiri wa m'miyezi imeneyo ndi wa mtondo, ngakhale wogula sadziwa.

Kunja kwa paki ndi nkhalango zotetezedwa, mitondo ikuluikulu yatsala yowerengeka. Inapita ku zigafa, ku mabani oumitsira fodya, ku mauvuni a njerwa ndi ku makala. Pomwe mtengo wapita, dzina limatsatira. Ndinafunsapo ana a sukulu ina pafupi ndi boma kuti ajambule mtondo, ndipo onse anajambula wosinjira, ena mpaka ndi munsi womwe. Matondo amawadziwa, amadya, koma palibe anaganizapo kuti dzinalo likuloza mtengo.

Anthu amabwera ku nazale kudzafuna mbande za mtondo, ndipo ndimawauza zoona. Njere zimamera msanga, koma mbande imakhala zaka ikuoneka ngati yapinimbira, chifukwa mphamvu zonse imayamba yaziponya ku muzu wopita pansi. M'chubu cha pulasitiki muzuwo umapindika, ndipo zambiri zimafa zikawokedwa. Njira yachidule ili m'munda mwanu momwemo. Chitsa cha mtondo sichifa msanga, mizu yake yakale ili moyo, ndipo chaka ndi chaka chimaphukira, inu n'kumasadza ndi khasu. Siyani mphukira ziwiri kapena zitatu zamphamvu, dulani zinazo, lambulani udzu kuzungulira kuti moto usafike, mbuzi muziingitse. Pakapita zaka zochepa mudzakhala ndi mitengo ya msinkhu uja wa mita imodzi kufika atatu, umene agulugufe amaufuna.

Mnyamata wa ku Nsanje uja anapita kwawo pa Khrisimasi, ndipo pobwera ananyamula zipatso zachikasu m'jumbo kuti atitsimikizire. Anapatsako mayi wina wachikulire amene ankatithandiza kuthirira mbande. Mayiwo anachitembenuza, kuchinunkhiza, kulumako pang'ono, n'kumubwezera.

"Mwana wanga, chipatsochi n'chokoma ndithu," anatero. "Koma mtondo wanji wobala mango?"