Apilo yosiyidwa pa fayilo imafa yokha

Anthu ambiri amene ndimawathandiza pa milandu amaganiza kuti akangolembetsa apilo ndiye kuti ntchito yatha, chotsala n'kudikira kuitanidwa. Pamenepa ndi pamene ambiri amagwera m'mbuna.

Malamulo oyendetsera dziko lino a 1994, pa gawo 42, amapatsa munthu aliyense wopezeka wolakwa ufulu wokadandaula ku khoti lalikulupo. Ngati wakuweruzani ndi majisitireti, apilo imapita ku High Court. Ngati ndi High Court, imapita ku Supreme Court of Appeal. Koma ufuluwu uli ndi nthawi yake. Pa mlandu wochokera kwa majisitireti, chidziwitso choti mukufuna kuchita apilo chiyenera kuperekedwa pasanathe masiku 10 chigamulo chiperekedwere, ndipo kenako pamafunika chikalata chofotokoza zifukwa zimene mukutsutsira chigamulocho. Khoti likhoza kulola apilo yochedwa, komabe limafuna chifukwa chomveka.

Apilo ndi yanu. Boma lidapambana kale, silitaya kanthu fayilo ikamachita fumbi. Ndiye mukapanda kupereka zifukwa, kapena tsiku la mlandu likafika inu ndi loya wanu osaoneka, kapena zaka n'kudutsa muli zii, woweruza akhoza kuithetsa apiloyo osamva n'komwe ngati majisitireti adalakwitsa. Chigamulo choyamba chija chimaima momwemo, chilango chonse n'kukhala chanu. Amene adatuluka pa belo podikira apilo ndiye amabwerera kundende. Ena mwa iwowa, tinene zoona, amaiwala dala apilo akangopuma mpweya wakunja, ndipo ndi anthu otere amene lamuloli limafuna kuwatsekera mpata.

Chimene chimandidetsa nkhawa ndi mkaidi wa ku Zomba, ku Maula kapena ku Chichiri amene alibe loya. Iyeyu sangadzuke m'mawa n'kupita ku ofesi ya khoti kukafunsa kuti fayilo ili pati. Kawirikawiri chimene chimachedwetsa apilo yake ndi zolembedwa za mlandu woyamba, zimene zimayenera kutayipidwa ndi kutumizidwa kuchokera kwa majisitireti, ndipo nthawi zina zimasowa kumene. Kumuthetsera apilo munthu wotereyu ngati kuti adachita ulesi, ine ndimaona kuti n'kumulanga kawiri. Woweruza wosamala amayamba wafunsa kuti wachedwetsa ndani.

N'chifukwa chake ndimauza achibale kuti azisunga kope la kalata iliyonse imene yapita kukhoti, yodindidwa chidindo ndi tsiku, pamodzi ndi nambala ya apilo. Mapepala amenewa ndiwo amalankhula mukamapempha kuti apilo yothetsedwa ibwezeretsedwe. Amene sangathe kulipira loya apite ku Legal Aid Bureau, ndipo mkaidi angathe kupereka chidziwitso chake kudzera kwa mkulu wa ndende imene ali.