Kulembako ndiye ntchitoyo

"Nkhani ndili nayo kale m'mutu, kwangotsala kuilemba." Mawu amenewa, omwe amanena anthu ofuna kulemba mafilimu, ndatopa nawo. Ganizo aliyense ali nalo, ndipo lamulo la umwini wa zolemba siliteteza za m'mutu, limateteza zimene zafika papepala.

Tsamba limodzi la sikiripti, yomwe ndi nkhani yolembedwa kuti ijambulidwe filimu, limatenga pafupifupi mphindi imodzi pa kanema, choncho filimu ya maola awiri ndi masamba ngati 120. M'masamba onsewo kamera siona za mumtima. Mukalemba kuti "akuwasowa malemu mayi ake", wojambula ajambule chiyani? Lembani kuti watenga foni, wayimba nambala ya mayi akewo, wangoigwira kukhutu mpaka yaduka yokha. Mukatha, mudzalembanso kachiwiri, kachisanu, chifukwa opanga filimu apempha kuti anthu atatu a m'nkhaniyo asanduke mmodzi, ndalama zachepa.

Koma chimene chimandipweteka si chimenechi. Pali mtsikana wina amene ndinkamuphunzitsa. Zaka ziwiri akulimbana ndi sikiripti imodzi, ndipo inatuluka yabwino, yoti ine ndemwe ndinaiwerenga osaima. Anakumana pa intaneti ndi munthu wodzitcha ejenti, kutanthauza wopezera olemba ogula ntchito zawo. Choyamba anamuuza kuti alipire ya kuwerengera. Kenako ya "kukonzera". Pomaliza anamutumizira pepala loti asayine msangamsanga, akuti mwayi suchedwa kuthawa. Anabwera kwa ine atasayina kale, patapita miyezi itatu, chifukwa ankachita manyazi kufunsa.

Ejenti weniweni sakulipiritsani kuti awerenge. Amatenga gawo lake, kawirikawiri 10 peresenti, ntchito yanu ikagulidwa. Ndipo wofuna kusunga sikiripti yanu pamene akufunafuna ndalama zojambulira amakulipirani inuyo, mgwirizanowo n'kukhala ndi malire, monga chaka chimodzi kapena miyezi 18. Nthawiyo ikatha asanaigule, sikiriptiyo imabwerera kwa inu. Pepala la mtsikanayu linalibe tsiku lothera.

Mu 2023 olemba mafilimu a ku America a bungwe la Writers Guild of America ananyanyala ntchito masiku 148 pomenyera malipiro a mafilimu oonetsedwa pa intaneti komanso malire a kugwiritsa ntchito AI, mapulogalamu a kompyuta otha kulemba ngati munthu. Amenewo ali ndi bungwe ndi maloya awo. Inu amene muli nokha, musasayine chilichonse loya kapena mlembi wozolowera ntchitoyi asanachione, ngakhale akukakamizeni bwanji.

Sikiripti ija mpaka pano sinajambulidwe, ndipo mwini wake sangaigulitse kwina. Ndikamufunsa ngati wayamba ina, amangoti akuganizabe.